Lole Yopanda Magalasi ya pa Chisenga

Mukafika pa Chisenga n'kufunsa kwa fundi, palibe amene angakufunseni kuti fundi wake uti. Adzangokulozerani kakhonde ka malata kuseri kwa chigayo. Pamenepo mudzapeza Lazarus Simfukwe, bambo wa zaka pafupifupi makumi asanu, dazi lake likuwala ngati mbale ya alendo, sikuludilaiva ili pakamwa. Wailesi, njinga, makina osokera, foni yogwera m'chitsime, zonse zimalowa pakhondepo zili mitembo n'kutuluka zikuyimba. Anthu akumeneko ankati chinthu chikamukanika Lazarus, kachikumbireni dzenje.

Koma dzina la fundi silimene mwini wakeyo ankalifuna. Iye ankafuna la dalaivala, ndipo ankalifuna ngati mmene mbuzi imafunira chimanga cha eni.

Nkhaniyi inayamba kale, msewu wa ku Karonga usanalawe tala. Lazarus ndi mnzake Safeli Kaonga ankakweza matumba pa lole ina yonyamula chimanga. Tsiku lina loleyo inafa pakati pa chitunda. Lazarus anakwawira pansi, n'kupeza paipi ya mafuta itang'ambika, n'kuimanga ndi mphira wa chubu. Lole inatsokomola kawiri, inadzuka. Iye anatuluka ali bii ndi girisi, mano onse pamtunda, akuyembekezera mphotho.

Mkulu woyendetsa loleyo anamusisita paphewa. "Iwe, manja ako ndi a pansi pa galimoto. Usawaononge. Safeli, bwera kuno ugwire chiwongolero."

Basi, mphotho inali imeneyo. Luso lake lomwe ndi limene linamugoneka pansi pa lole, mnzake n'kukwera pamwamba.

Safeli anapita nazo patali. Anayamba kuyendetsa zimalole za ku Dar es Salaam, anamera mimba, anamera ndi Chiswahili chomwe. Lazarus anabwerera kumudzi, anakwatira Sylvia Nalungwe, anabereka Mwiza, anatsegula kakhonde kake. Lamulungu ankamasulira kutchalitchi. Abusa ochokera kummwera akalalikira m'Chichewa, iye ankatembenuzira m'Chitumbuka, n'kuthirako kamchere kake, mpaka amayi kulira. Mapemphero akatha, nkhuku ndi nthochi zinkapita kwa abusa. Womasulira ankapita kwawo ndi thukuta.

Laputopu inabwera chaka chatha. Mayi Tamanda, ofesala wa pa chipata cha malire wochokera ku Zomba, njinga yawo yamoto inali itawazunza miyezi iwiri. Lazarus anaichiritsa tsiku limodzi. Iwo pothokoza anamupatsa laputopu yawo yakale.

"Yewo chomene, adada," anatero, Chitumbuka chawo chikutsimphina. "Komatu mudziwe, mulibe Windows m'menemu. Inkapuma befu chifukwa cha ukalamba, ndiye ndinaikamo Linux."

Lazarus anagwedeza mutu ngati wamva. Kwa iye zonsezo anali maina a azungu basi. Anailumikiza ku batire la sola, n'kumaikira anthu nyimbo m'mafoni.

Kenako Safeli anabwera kudzaona amayi ake. Anaimika lole yake pa sitolo, n'kuyenda chopendama mpaka pakhonde paja, anthu akumutsatira ngati wanyamula nyama. Anatulutsa fulashi m'thumba la malaya.

"Fundi, pole sana na kazi, pepa ndi ntchito! Ndakugulira galimoto ku Tunduma. Gemu yoyendetsa malole. Poti ya chitsulo inakukana, yesako ya m'kanema."

Anthu anaseka. Lazarus anasekanso, koma ndi mano okha. Analowetsa fulashi, anadina. Zii. Anadinanso. Zii.

"Aa, mnyane, mnzanga iwe," anatero Safeli, akupukuta misozi ya phwete, "nayo yakukana? Iwe ndi galimoto munalakwirana chiyani?"

Lazarus anadya mawu amenewo m'malo mwa chakudya. M'mawa mwake ananyamula laputopu mpaka ku chipata kwa Mayi Tamanda. Iwo anayang'ana pang'ono n'kumwetulira.

"Palibe chafa apa. Gemuyi anaipangira Windows, imalankhula chinenero cha kumeneko. Makina anuwa amamva cha Linux. Pakufunika kapulogalamu kokhala pakati, kamve zimene gemu ikunena, kauze makina."

"Womasulira?"

"Eya, womasulira."

Lazarus anawongola khosi. "Madamu, mwafika pa ntchito yanga."

Anamulembera papepala dzina la kapulogalamuko ndi poyambira. Zotsalazo anavutika nazo yekha masabata atatu. Netiweki ya pa Chisenga imagwira bwino pa chulu cha kuseri kwa sukulu, ndipo mphepo ikachokera ku mapiri a Mafinga foni imathawira ku Zambia. Ndiye munthu wamkulu, wa dazi lake, ankaima pa chulu dzuwa lili paliwombo, foni m'mwamba ngati akudalitsa munda. Ankawerenga Chingerezi cha anthu a maiko ena amene anavutikapo ngati iye, liwu limodzilimodzi, chala chikulondola.

Poyamba panamveka injini yokha, chithunzi osaoneka. Kenako chithunzi chinabwera, koma msewu unali wofiirira ngati bulauzi ya kwaya. Kenako lole inkayenda modumphadumpha ngati ili ndi chidikhodikho. Iye ankasintha apa, kuzimitsa, kuyatsa, kutukwana pang'ono, kupempha chikhululuko, kusinthanso. Tsiku lina zonse zinangogwirizana. Lole yofiira inaima pa sikirini, injini ikulira bwinobwino, msewu uli wakuda ngati msewu. Chinatsala n'chimodzi: magalasi oonera m'mbuyo anali bii, ngati awapaka mwaye. Womasulira uja pamenepo ankameza mawu.

Kuyendetsa ndi mabatani kunamunyansa. Dalaivala wanji wogogoda ngati kalaliki? Anatenga limu ya njinga ya mwana, anaiboolera pa thabwa, n'kumangirira mausi ya laputopu kunsi kuti limu ikazungulira iziikhudza. Chiwongolero chinatheka.

Mbiri inawanda. Anthu obwera kuchigayo ankasiya matumba pamzere n'kudzaunjikana pakhonde. Ndipo apa m'pamene njoka inalowera m'nyumba, chifukwa onse ankanena mawu amodzi.

"Tiyeni tikaone lole ya a Safeli."

Ya a Safeli! Amene anaima pa chulu ndani? Amene anapsa dazi ndani? Ngakhale Sylvia, mkazi wake wa iye mwini, madzulo ena anafunsa ali chiimire pakhomo, akumuitana ndi dzina la mwana wawo: "A wiske Mwiza, mwaizimitsa lole ya a Safeli? Batire likufunika pa nyale."

"Ya ndani?"

"Ya a Safeli. Si ndiwo anabwera nayo?"

"Anabwera ndi mtembo! Ndaupatsa mpweya ndine!"

"Chabwino, zimitsani mtembo wa a Safeliwo."

Lazarus anaona kuti za kutchalitchi zija zamutsatira mpaka pakhonde pake. Nkhuku inali kupitanso kwa abusa.

Ankayendetsabe tsiku lililonse, ntchito ikachepa. Kupita kutsogolo kunalibe vuto. Chovuta chinali pamapeto a ulendo, pamene gemu imafuna kuti ulowetse ngolo chambuyo pa mpata wopapatiza wa nyumba yosungira katundu. Popanda magalasi zinali ngati kulowetsa ng'ombe m'khola utatsinzina. Anagunda khomalo kosawerengeka. Koma pang'onopang'ono anapeza njira yake: ankawerenga mitengo ya magetsi yooneka kutsogolo, ankayang'ana mthunzi wa ngolo pansi, ankadziwa kuti limu aizungulize masipoko angati. Mwezi usanathe ankailowetsa akutafuna chinangwa.

Lachinayi lina ali pa chulu, anapeza munthu wina atalemba pa intaneti za magalasi akudawo. Mankhwala ake anali kamzere kamodzi kokha ka malemba. Anathamangira kukhonde, anakalemba, anayatsa. Magalasi anatseguka ngati maso a mwana: msewu wa m'mbuyo, ngolo, mitambo, zonse mbee.

Sylvia anali atangofika ndi tiyi. "Ii, zatheka! Ndiye mwamaliza bwino, chifukwa a Safeli akubwera Loweruka. Amayi awo akuti auza anthu kuti adzationetsa mmene dalaivala weniweni amayendetsera."

Lazarus anayang'ana magalasi aja nthawi yaitali. Anali okongola. Inali ntchito yabwino kuposa zonse zimene anagwirapo. Kenako chala chake chinapita chokha, n'kufufuta kamzere kaja. Magalasi anabwerera mu mdima.

"Mwatani?" anafunsa Sylvia.

"Imwa tiyi."

"Tiyiyo ndi wanu."

"Ndiye ndisiye ndimwe."

Loweruka linali tsiku la msika, ndipo pakhonde panadzaza mpaka ena kukwera pa matumba a chigayo. Mayi Tamanda nawo analipo. Safeli anakhala pa mpando, anapinda manja a malaya, anagwira limu ija n'kuiseka kaye.

"Haya, twende! Tiyeni!"

Chilungamo chinenedwe, munthuyo amatha. Ankakhota ngati akuthira madzi m'botolo. Ankasintha magiya pa nthawi yake, ankachepetsa liwiro asanafike pa mlatho, uku akucheza ndi amayi a pamzere woyamba. Anthu ankaomba m'manja. Lazarus anaima pambali, mikono pachifuwa.

Kenako inafika nyumba ya katundu. Safeli anaika livesi, maso n'kupita okha pa galasi. Bii. Anayang'ana lina. Bii. Thupi la zaka makumi atatu pa msewu linachita zimene limadziwa: anatulutsa mutu pa windo kuti aone m'mbuyo. Windo kunalibe. Kunali mzati wa khonde, ndipo anakumana nawo ndi chipumi, phoo! Pa sikirini ngolo inapindika n'kukalowa mu mpanda.

Chigayo chinamveka kuchepa ndi phokoso la kuseka.

Anayesa kachiwiri, anagunda khoma. Kachitatu anagwetsa chikwangwani. Anaimirira, akusisita chotupa.

"Fundi, galimoto yanji yopanda magalasi? Konza tione! Si iwe umati palibe chokukanika?"

Maso onse anali pa Lazarus. Sylvia anali kumbuyo, atatsamira chitseko, akumuyang'ana ngati mmene amayang'anira mphaka ali pafupi ndi usipa. Kamzere kaja kanali m'mutu mwa Lazarus, chilembo ndi chilembo. Akanakalemba, anthu akanati fundi ndi fundi, ndipo Safeli akanailowetsa ngoloyo kamodzi n'kamodzi.



"Magalasiwo," anatero Lazarus, "andikanika."

Gogo wina anagwira pakamwa. Mawu amenewo anali asanamvekepo pa Chisenga.

"Koma dalaivala," anapitiriza Lazarus, akukankha mnzake pang'ono, "sadalira galasi. Suntha, mnyane."

Anakhala. Anawerenga mitengo ya magetsi chamumtima, anayang'ana mthunzi, anazunguliza masipoko anayi kumanzere, awiri kumanja. Ngolo inalowa pa mpata paja mwaulemu ngati mkamwini polowa kwa apongozi. Sinakhudze kanthu.

"Dalaivala!" anakuwa wina pamwamba pa matumba. Ena anatengera. "Dalaivala! Dalaivala Simfukwe!"

Lazarus anatsinzina kuti amve bwino. Anali atadikira zaka makumi atatu.

Safeli ndi munthu wosasunga mkwiyo, chimenenso chimapweteka kwambiri. Anaseka, anamukumbatira, anati, "Wandidya, fundi," n'kupita kukayang'ana chipumi chake pa galasi la lole yeniyeni. Anthu akubalalika, Mayi Tamanda anasendera pafupi.

"Adada, za magalasizo n'zosavuta. Ndi kamzere kamodzi. Ndikuthandizeni?"

Lazarus anatseka laputopu msanga, mpaka kutsala pang'ono kudzipana chala. "Isiyeni, Madamu. Inazolowera choncho."

Kuyambira tsikulo palibe amene amatinso lole ya a Safeli. Amati lole ya a Simfukwe yopanda magalasi. Dzina analipeza, koma linabwera ndi mchira wake. Masiku ano munthu akabweretsa foni yofa kamera, mnzake amamunong'oneza kuti, "Za magalasi usamupatse, zimamukanika," ndipo foniyo imakwera basi kupita ku boma. Lazarus amamva, khutu limanjenjemera, koma pakamwa amatseka. Akangokonza magalasi aja, nkhani ya Loweruka lija idzafunsidwanso.

Amene akudyerera ndi Sylvia. Nkhuni zikatha, kapena denga la khitchini likadontha, sakalipanso ngati kale. Amangoima pakhomo n'kuyankhula mofatsa, mokweza pang'ono kuti a kuchigayo amve.

"A wiske Mwiza, paja Lachinayi lija ndikubwera ndi tiyi, ndinaona chiyani pa sikirini?"

Sanabwerezepo funsolo. Dalaivala amakhala atanyamula kale nkhwangwa.

Safeli akamadutsa ndi lole yake amaliza hutala kawiri pa chigayo. Magalasi ake ndi aakulu ngati zitseko za kabati, ndipo amawapukuta mpaka kuthobwa m'maso. Lazarus sadzutsa mutu. Amadikira fumbi likhazikike, kenako amauza aliyense amene ali pafupi kuti, "Ameneyo mukamuchotsera magalasi, ndi pasinjala."