Saide anagwa dala pa njira ya ku Meponda

Tinanyamuka ku Lichinga dzuwa litakwera kale. Lole ya nsomba yoti tikwere inayamba yadikira dizilo, kenako asilikali otiperekeza, omwe sanabwere n'komwe. Inali nthawi ya nkhondo, ndipo kudikira tinali titatopa nako. Bambo anga anali kudwala ku Meponda, uthenga unati ndisagone, choncho mapiritsi awo ndinawamanga pansonga ya chitenje. Dalaivala anakana ndalama, ndinamulipira ndi sopo.

Nditakwera ndinakhumudwa. Pambali panga panali Saide, mkulu wa mbava za ku Lulimile, dera lina la ku Lichinga, yemwe anandilandapo thumba la mchere dzuwa likuswa mtengo. Tsopano anali atavala kofia yoyera.

"Achemwali, zija ndinasiya," anatero. "Ndinalumbira ku mzikiti kuti dzanja langali silidzagwetsanso munthu."

"Nanga mchere wanga?"

Anayang'ana pansi.

Tikugwedezeka m'maenje, iye anali kalikiliki kutiuza za masewera ogwetsana a kwawo: msana ukakhudza pansi nkhani yatha, ndipo wopambana amadzutsa mnzake ndi dzanja, osamusungiranso chakukhosi. Ine ndinkangoyasamula, ndikutafuna chinangwa chootcha chozizira.

Masana tinaima pa chipata cha amilisiya, anthu wamba opatsidwa mfuti kuti azilondera msewu. Mmodzi wa iwo, woonda ngati bango, anamuzindikira Saide.

"Iwe unandigwetsa pamsika, mkazi wanga akuona. Tsika tibwereze. Apo ayi, loleyi igona pompano."

Ndinagwira mfundo ya chitenje changa, mantha atandigwira. Saide akakana, bambo sindiwapeza. Akapambana, mfuti inali itatsamira pamtengo pomwepo.

Saide anatsika, navula kofia. Anagwirana. Mmilisiya uja anakankha, anakoka, thukuta kamukamu, Saide osasuntha ngakhale chala. Kenako tinamumva akunong'ona: "Kolani mwendo wamanzerewu, achimwene, anthu atopa."

Saide anagwa chagada, fumbi koboo. Anangogona pomwepo, dzanja lili m'mwamba, kudikira. Mmilisiya anayang'ana anzake, anayang'ana dzanjalo, kenako anamudzutsa. Mtengo wotseka njira anauchotsa yekha.

Zitunda zotsikira ku Meponda tinazitsika pang'onopang'ono, mabuleki akununkha. Titafika, Saide anandinyamulira katundu mpaka pakhomo, akutsimphina, msana wonse uli dothi lofiira. Bambo ndinawapeza akadapuma, ndipo mapiritsi anameza.

Nkhondo ija inandionetsa amuna amphamvu ambirimbiri, onse ananditopetsa. Wogwa dala ndinamuona mmodzi yekha. Za mchere sindinamufunsenso.