Nsalu Imene Abiti Uladi Anapetera Nuru

Ku Nkope mukafunsa za Abiti Uladi, anthu akulozerani nyumba ya malata adzimbiri kuseri kwa mzikiti, n'kunena kuti, "Aja a singano aja." Amakhala okha. Amuna awo, a Swadick, anapita ku Joni kukasaka ntchito, ndipo ntchitoyo anaipezadi, pamodzi ndi mkazi wina. Mwana anali mmodzi basi, Nuru. Atakwanitsa zaka khumi ndi zitatu, bambo ake anamuyitanitsa, ati akaphunzire sukulu zabwino. Nanga mayi angamukanize mwana sukulu? Anamukweza basi pa Mangochi boma, n'kubwerera kunyumba ya zii.

Poyamba Nuru ankaimba foni Lachisanu lililonse. Kenako pa Idi pokha. Mawu ake anayamba kumveka achilendo, Chiyao chikumuthawa, ndipo tsiku lina anatchula mkazi wa bambo akeyo kuti "mami". Abiti Uladi zinawapweteka koopsa. Mantha awo anali amodzi: kuti mwanayo adzakwatiwa alibe kanthu kalikonse kochokera m'manja mwa mayi ake omubereka.

Chaka china kuboma kunabwera mayi wa ku Turkey, mkazi wa injiniya wokumba mijigo. Dzina lake linali Emine, koma amayi anangoti Amina. Analengeza kuti aziphunzitsa zosoka pakhonde la madrasa, ndipo tsiku loyamba anthu anachita kusowa pokhala. Aliyense ankati pamapeto agawa makina osokera. Atamva kuti kulibe makina, koma singano, ulusi ndi kafelemu kokungira nsalu, aa, sabata yachiwiri anatsala asanu. Mwezi usanathe anatsala Abiti Uladi okha. Kunyumba ankathamangira ndani?

Ntchito yake inali yotopetsa, tisanamizane. Sujambula duwa pansalu ayi. Umawerenga timaulusi ta nsaluyo, titatu kupita uku, titatu kukwera, ndipo ukaphonya kamodzi duwa lonse limapendekeka. Mfundo ndi yoletsedwa. Kumaso ndi kumbuyo kwa nsalu kuzioneka chimodzimodzi. Abiti Uladi akapereka ntchito yawo, Amina ankayamba waitembenuza, n'kupukusa mutu. Anamasula maluwa ambiri Abiti Uladi, mpaka zala kuchita zikang'a.

Tsiku lina Amina anabweretsa kansalu kakale, koyezuka, kokhala ndi maluwa ofiira ndi ulusi wagolide m'mphepete. Anati kanapetedwa ndi agogo a amayi ake. Kwawoko, iye anafotokoza kudzera mwa womasulira, mwana wamkazi akabadwa amayi amayamba kumusungira nsalu zotere m'bokosi, ndipo akamakwatiwa amapita nazo kubanja. Abiti Uladi anangoti "Ohoo," koma pobwerera m'minibasi mtima unali pa Nuru.

Mijigo itatha, Amina anabwerera kwawo, n'kuwasiyira kafelemu, ulusi wambiri ndi nsalu yoyera yotalika mikono inayi. Abiti Uladi anaipeta zaka zitatu. M'mawa ankayanika usipa pathandala, dzuwa likakwera n'kukhala pansi pa mtengo wa mango, m'manja atasamba kawiri kuopa fungo la nsomba. Anzawo podutsa ankawaseka. "Abiti Uladi, duwa lomwe lija mpaka lero? Telala akanasoka madiresi a mudzi wonse!" Iwo ankangomwetulira, milomo ikuwerenga timaulusi.

Uthenga unafika kuti Nuru wapeza mwamuna, mnyamata wa ku Chiponde wogwira ntchito ku Joni komweko, ndipo ukwati udzachitikira kuno. Mwambo wake, zonse zikanayenera kukhala kuchikazi, ku Nkope. Koma mchimwene wawo wa Abiti Uladi, mwini mbumba, anali atamwalira, ndipo amene ankalipira zonse ndi a Swadick. Choncho ukwati unakakhala kuboma, kwa a Abiba, mlongo wa a Swadick. Mayi wa mkwatibwi anaitanidwa ngati mlendo.

Anafika m'mawa wa tsikulo, nsalu ili m'pepala la pulasitiki. Nuru anali m'chipinda, atazunguliridwa ndi omudzoza ndi omuveka. Anakumbatirana pang'ono chabe, kuopa kufufuta zodzolazo.

"Alamu, mwanyamula chiyani?" anafunsa a Abiba pakhomo.

"Nsalu ya Nuru."

"Bweretsani kuno, ndikudziwa pokaika." Anailandira akuthamanga, uku akukalipira ophika.

Shehe atamanga ukwati, inafika nthawi yotulutsa mkwatibwi. Azimayi anavula zitenje zapamwamba n'kuyala pansi kuyambira pakhomo mpaka pagalimoto, kuti Nuru asaponde fumbi. Ndiye a Abiba anatulukira ndi nsalu ija, n'kuitambasula pakhomo penipeni. Sikuti anali ndi nkhanza ayi. Iwo anaona nsalu yokongola kuposa zonse, n'kuipatsa malo oyamba. Azimayi anachita kuti "Eee, koma nsalu!"

Abiti Uladi anafuna kukuwa, koma anali atachedwa. Nthungululu zinali kale m'mwamba. Nuru anatuluka atawerama, nkhope itaphimbidwa, n'kuponda ndi nsapato za gogoda. Pambuyo pake anadutsa operekeza, azakhali, ana, wojambula vidiyo, aliyense ndi fumbi lake. Kodi mayi wa mkwatibwi amatani mwana wake akamatuluka? Analuluta nawo, misozi ikutsika, anthu n'kumati ndi chimwemwe.

Galimoto itanyamuka, amayi anayamba kutola aliyense chitenje chake. A Abiba anakutumula nsalu ija kawiri, n'kuwapatsa.

"Alamu, musaiwale nsalu yanu. Mwatikongoletsera pakhomo, Mulungu akudalitseni."

Anailandira ndi manja awiri, n'kuthokoza.

Atafika ku Nkope anaichapa ndi madzi a pamjigo, pang'onopang'ono. Fumbi linachoka, koma gogoda anali ataboola pakati pa duwa lalikulu, timaulusi ta nsaluyo titaduka. Popanda timaulusi towerenga, palibe pobwezera duwa. Akanatha kuika chigamba, koma mwana wako yekhayo ungamupatse mphatso ya ukwati yachigamba, yopondedwa ndi khamu lonse lija?

Lolemba masana foni inalira. Anali Nuru, ali m'basi yobwerera ku Joni.

"Amayi, pepani sitinacheze, anthu anachuluka."

"Palibe kanthu, mwanangu."

"Komanso musadandaule za mphatso. A Abiba amawerenga mayina a onse amene anapereka, lanu silinamveke, koma ine sindinakhumudwe. Ndikudziwa kuti kumudzi zinthu n'zovuta. Kubwera kwanu komweko kwakwana."

Nsaluyo inali pamiyendo pawo, chala chili pabowo paja. Anatsegula pakamwa kuti anene zonse. M'fonimo munamveka mwamuna wa Nuru akufunsa za mapasipoti, ndi Nuru akumuyankha m'Chingerezi.

"Amayi, mukundimva? Mumati munene chiyani?"

"Ayi, palibe," anatero Abiti Uladi. "Uyende bwino, mwanangu. Ukafika undiuze."