Chidole Chotsegula Pamimba

Dzulo ndinapita kusukulu ya mwana wanga kuno ku Sheffield kukaonana ndi aphunzitsi ake. M'chipinda cha sayansi munali chidole cha pulasitiki, chopanda mutu, chotsegula pamimba. Fungo lake linandipeza ndisanachiyandikire n'komwe.

Ndili Sitandade 7 kumudzi, kusukulu kwathu kunabwera nesi wachizungu wa ku Holland. Anatisonkhanitsa atsikana tokhatokha, natseka mawindo, kunja dzuwa la Okutobala likuswa mtengo. Anatulutsa chidole chonga chimenechi m'katoni. Ife kunyumba ankatiuza kuti mwana amakagula kuchipatala, ndiye tinangochiyang'anitsitsa.

"Kwathu izi timaphunzira tili aang'ono, sitichita manyazi," anatero m'Chichewa chake chopotoka. Anavundukula mimba ija, natulutsamo kamwana kofiira kopinda miyendo, natiuza kuti tizipatsirana.

Kanali kozizira, maso otsinzina. Aliyense ankakagwira ndi nsonga za zala n'kukapereka msanga. Kenaka kanafika kwa mnzanga wa desiki imodzi, yemwe masiku amenewo sankavula juzi ngakhale kutenthe bwanji. Iye sanakapereke.

"Asisita," anafunsa motsitsa mawu, "kamayamba liti kugunda?"

"Pakatha miyezi inayi kapena isanu. Wafunsiranji?"

Mnzangayo anangokaika kamwanako pa desiki. Nesi uja atapitiriza kufotokoza zina, mnzangayo anagwira dzanja langa pansi pa desiki, naliika pamimba pake, pamwamba pa juzi, nalipanikiza. Kachidole kaja kanali gone pamaso pathu, osagwedezeka. M'chikhatho mwanga china chake chinagunda, n'kugundanso.