Ndinaika Mwamuna Wanga m'Chigayo

Mlamu wanga, mlongo wake wamkulu wa malemu mwamuna wanga, mpaka lero amauza anthu kuti ufiti ndinauvomera ndekha ndi dzanja langa. Sanama kwenikweni. Ndinalembadi m'kope la sukulu, ndi bolopeni yofiira yochongera mayeso, kuti mkazi wina anatenga mzimu wa mwamuna wake n'kuutsekera m'chigayo. Chimene iye satchula n'chakuti imeneyo inali nkhani yopeka, yochitika zaka mazana atatu kutsogoloku. Kwa iye zaka zilibe ntchito, bola ndinalemba.

Kwathu ndi ku Kasungu, chakumalire. Ndinakwatiwa ku Mzimba, m'mudzi wina kumunsi kwa nkhalango ya Luwawa, ndipo ndinkaphunzitsa Sitandade 6 pasukulu yoyandikira. Ng'ombe za lobola zinaperekedwa, ndiye ndinakakhala kwawo monga mwa mwambo wakumeneko. Chitumbuka ndinkachimva chonse, koma ndikati ndiyankhule ana ankagwa nacho chikhakhali. Ndinangotsala pa Chichewa changa, iwo n'kumandiyankha m'Chichewa chawo chosakaniza.

Matenda olemba ndinawatenga m'katoni ya mabuku akale imene chiswe chinkadya muofesi ya ahedi. Munali kabuku ka Chingerezi kothothoka chikuto, ka nkhani zazifupi za m'tsogolo. Zombo zopita kunyenyezi sizinandigwire mtima. Chinandikola ndi funso limodzi lomwe linkabwerabwera m'nkhanizo: kodi kanthu kaja kamene kamati "ine" m'kati mwa munthu n'chiyani, ndipo kangasamuke kupita kwina? Ndinayamba kulemba zanga m'Chichewa, za kwathu konkuno, poti tsogolo silidzafikira azungu okha. Mwamuna wanga ankaziseka. Ankati anakwatira mkazi wokhala m'chaka china, iye n'kumadya yekha m'chaka chino.

Kenako anapita ku Joni, ngati amuna ambiri a m'mudzimo. Kulemba ankadana nako, choncho ankanditumizira mauthenga a mawu pafoni, aja timangoti mavoyisi. Ena anali a mphindi imodzi, ena aatali, akudandaula za kuzizira, akufunsa ngati mwana wathu wamkazi wayamba kuwerenga, akuimba nyimbo ya kwaya molakwitsa dala. M'chaka chachinayi anadwala, ndipo anabwera m'bokosi pangolo yokokedwa ndi galimoto. Zovala zake abale anagawana. Njinga anatenga mng'ono wake. Ine ndinatsala ndi mwana wa zaka zisanu ndi ziwiri ndi mavoyisi aja, ndipo ndinkawamvera m'mawa uliwonse popita kusukulu, foni ili kukhutu, ngati ndikuyankhula ndi munthu wamoyo.

Nkhani imene inandiputira mavuto ndinailemba chaka chotsatira. Inali yakuti mitengo ya paini yonse ya pa Viphya yatha, mvula yasowa, anthu atsala ochepa, koma aphunzira kusamutsa munthu kumuika m'makina asanafe. Mkazi wina wamasiye akuchita zimenezo. Makinawo akuyankhula ngati mwamuna wake, akukumbukira tsiku la ukwati wawo, akuseka pamene iye akanaseka. Koma mkaziyo mtima sukukhazikika. Kodi ndi iyeyo, kapena ndi chinthu chongomutsanzira bwino? Chikati "ndakusowa," pali amene akumva kusowako? Pamapeto akuwafunsa makinawo kuti, "Kodi ukudziwa kuti unafa?" Makina akukhala chete, ndipo mkaziyo sakudziwa ngati ndi chisoni kapena waya waduka.

Ndinalakwitsa pawiri. Poyamba ndi mawu. Ndinasakasaka dzina la kanthu kaja kamene amasamutsa. "Nzeru" sizinakwane, poti ngakhale chitsiru chimadziwa kuti chilipo. "Maganizo" amabwera n'kupita. "Mtima" ndi nyama. Nditatopa ndinangolemba kuti "mzimu." Kachiwiri ndi makinawo. Makina aakulu okhawo amene ndinkawadziwa bwino, phokoso lake ndi fungo la dizilo, anali a chigayo. Ndiye ndinamuika mwamunayo m'chigayo, kuti azigayira mudzi masana n'kumacheza ndi mkazi wake ntchito ikatha. Ine, wobadwira ku Kasungu, amene ndakula ndikumva kuti zigayo zimayendetsedwa ndi ndondocha, anthu ophedwa m'matsenga n'kumagwiritsidwa ntchito mobisa! Sindikudziwa kuti nzeru zanga zinapita kukatunga madzi kuti.

Loweruka lina ndinakwera matola kupita ku boma la Mzimba kukataipitsa nkhaniyo. Ndinkafuna kuiona itasindikizidwa bwino, basi. Mayi wa pakashopu kotaipa ndi kuchita fotokope analilandira kopelo mwaulemu, nati ndibwere sabata yamawa. Sindinadziwe kuti amapemphera mpingo umodzi ndi mlamu wanga uja, amene amakhala pabomapo. Sabata isanathe mlamu anali ndi mapepala ake ake, osindikizidwa bwino kuposa mmene ndinkafunira.

Nkhani inali m'kamwam'kamwa ine ndisanadziwe kanthu. Ndinangoona amayi a pachitsime akudula macheza ndikafika. Ana atatu anasiya kubwera m'kalasi mwanga. Chaka chimenecho chimanga changa chinachita bwino chifukwa ndinathira manyowa a m'khola, koma anthu anapeza chifukwa china. Mkazi wamasiye, wogwira ntchito kusukulu tsiku lonse, amamulimira ndani? Enanso anakumbukira kuti amandiona m'mawa ndikuyenda ndekha, ndikuseka ndi foni. Ndinkaseka ndi yani?

Anandiitana Lamulungu titaweruka kutchalitchi, pakhonde pa apongozi anga aamuna. Iwo ndi mkulu wa mpingo, munthu wofatsa amene sanandinenepo choipa. Panali mlamu uja, panalinso mng'ono wa mwamuna wanga ndi amayi angapo a pabanjapo. Mlamu sanadikire ngakhale moni.

"Sono alamu, timve. Ichi n'chivichi mwalemba apa?"

"Ndi nkhani yopeka, alamu. Mukanandifunsa ndikanakupatsani yanu, osachita kukaba kwa otaipa."

"Yopeka? Mbwenu mwapeka chigayo? Mwapeka mwamuna wakufwa? Dumbu wanga, mlongo wanga ine, wamwalira chaka chimoza pera, inu mwamulemba kale kuti akugaya!"

Anayamba kuwerenga mokweza, akuima pa chiganizo chilichonse kuti anthu apume mwamantha. Ndinamva nkhani yanga, imene ndinailemba ndikulira, ikutuluka m'kamwa mwake ngati chikalata cha kupolisi. Pa mawu aja akuti "anatenga mzimu wake" anabwereza katatu. Ndinapsa mtima.

"Alamu, werengani pamwambapo. Zikuchitika zaka mazana atatu kutsogolo. Inu ndi ine tidzakhala titasanduka dothi, ndipo dziko lidzapumula."

"Fwiti zikuwerenga zaka yayi," anatero, kutanthauza kuti afiti sawerenga zaka.

"Ndiye mundiuze. Ndondocha paja amaidula lilime kuti isaulule. Nanga wa m'nkhani yangayu bwanji akuyankhula tsamba lonse? Ngati mukufuna kundinamizira ufiti, muziudziwa bwino ufitiwo."

Amayi ena anabisa nkhope m'zitenje, sindikudziwa ngati kunali kuseka kapena mantha. Ndinkaona ngati ndapambana. Mlamu anangondiyang'ana, kenako anati, "Mwamva? Akudziwa na za lilime wuwo."

Pamenepo mng'ono wa mwamuna wanga anafunsa za foni. Anati anthu akuti mkulu wake amayankhulira m'menemo. Ndinati inde, ndi mavoyisi, omwewo amene aliyense wa iwo amalandira kwa abale ake a ku Joni. Panalibe pakhondepo munthu wosawadziwa mavoyisi. Ndiye chifukwa cha mkwiyo ndi kufuna kuwachititsa manyazi, ndinatulutsa foni, ndinakweza mawu mpaka kumapeto, ndipo ndinadina uthenga umene chala chinagwerapo osasankha.

Mawu a mwamuna wanga anadzaza khonde lonse. Anali atatumiza uthengawo atangoweruka kuntchito, m'Chitumbuka, akupuma movutika. "Navuka chomene. Ntchito yikumala yayi kuno. Nkhukhumba kuwera kukaya." Akuti watopa kwambiri, ntchito siikutha, akufuna kubwerera kumudzi.

Mayi mmodzi anadzuka n'kuthawira kuseri kwa nyumba. Ine ndinadziwa nthawi yomweyo kuti ndadzitentha ndekha. Pa mauthenga onse aja, a nyimbo, a nthabwala, a kufunsa za mwana, chala changa chinasankha umenewo.

Mlamu anatsegula pakamwa, koma apongozi anakweza dzanja. Misozi inali ikuyenderera mpaka m'ndevu. Anali asanamvepo mawu a mwana wawo chimwalirire. Anayankhula m'Chichewa, pang'onopang'ono, kuti ndimve bwino.

"Mkamwana, ine za ufiti sindikuzidziwa, ndipo sindinena. Koma mwana wanga tinamuika m'manda, tinamuimbira, tinati apumule. Sono ndamumva akuti wavuka. Mumasuleni."

"Adada, si iyeyo. Ndi mawu chabe amene anajambulidwa kale."

"Ngati si iyeyo, mbwenu mukusungiranji?"

Funso lomwelo ndi limene ndinalemba masamba khumi ndi awiri osalipezera yankho, ndipo bambo wokalamba amene sanawerengepo nkhani ya m'tsogolo anandifunsa m'mawu asanu. Ndikanati ndi iyeyo, ndinali mfiti. Ndikanati si iyeyo, ndinalibe chifukwa chokanira.

Mlamu ndiye anamaliza nkhani. Anati ndisankhe. Ndifufute zonse pamaso pawo, kope ndiwotche, ndikhale. Apo ayi ndinyamule foni yanga ndi makope anga ndizipita ku Kasungu, koma mwana atsale, poti ng'ombe zinaperekedwa ndipo mwana ndi wa pamudzipo. Ndinayang'ana apongozi kuti mwina atsutsa. Anangoyang'ana pansi.

Anthu ophunzira amene ndawafotokozera nkhaniyi amathamangira kundiuza kuti malamulo akanandiikira kumbuyo, kuti ndikanapita kukhoti. N'zoona. Koma khoti silikanamuperekeza mwana wanga kuchitsime tsiku ndi tsiku, kumene anzake anali atayamba kale kumutcha mwana wa mwini chigayo. Ena amati bwanji sindinasunge mavoyisiwo kwina. Ndani amakonzekera zotere? Chakudza sichiimba ng'oma. Ndinalibe kompyuta, ndinali ndi foni imodzi yong'aluka galasi.

Kope silinandipweteke kwenikweni. Linapsa pambaula ya makala mlamu akulitembenuza ndi kamtengo, ndipo nkhaniyo ndinali nayo m'mutu. Mavoyisi ndiwo. Mlamu anaumirira kuti ndifufute umodziumodzi iye akuona, ataima kumbuyo kwanga, mpweya wake ukundiwomba pakhosi. Foni inkafunsa ulendo uliwonse ngati ndatsimikiza. Ndinkadina kuti inde. Sindinalire, chifukwa sindinafune kumupatsa mkazi ameneyo misozi yanga. Nditamaliza apongozi anapemphera, nati, "Yewo, mkamwana." Ine ndinangonyamuka.

Ndinakhala pamudzipo zaka zina ziwiri, kenako ndinapempha kusamutsidwira kusukulu ya ku boma, ndipo mwana ndinapita naye. Palibe anatsutsa. Ndimalembabe nkhani zanga za m'tsogolo, koma ndimazitaipa ndekha, ndipo mawu akuti mzimu sindiwagwiritsanso ntchito. Dzina la kanthu kaja sindinalipezebe.

Ndinkaganiza kuti mawu a munthu amene unagona naye nyumba imodzi sungawaiwale. Bodza. Nkhope imakhala, poti zithunzi zilipo. Mawu amasungunuka pang'onopang'ono iwe osazindikira. Ndimakumbukira zimene ananena, pafupifupi uthenga uliwonse, koma ndikazibwereza m'mutu zimamveka ndi mawu anga.

Tsiku lina mwana wanga, ali Sitandade 7, anandifunsa kuti adada ake ankayankhula bwanji. Ndinayesa kuwatsanzira. Anandiyang'ana mwachisoni, nati ndisiye, sizikumveka ngati munthu. Loweruka lotsatira tinali mumsika wa pabomapo, ndipo tinadutsa pafupi ndi benchi imene mlamu amagulitsirapo tomato ndi anyezi. Kawirikawiri ndimalambalala. Tsikulo anali akukangana ndi wogula wina, ndipo anati "sono imwe" akukoka mawu omalizawo, kenako kakuseka kaja ka m'mphuno, kotsika kumapeto. Ndinaima. Anali mwamuna wanga ndendende, mmene ankayambira akafuna kundikhomerera pa mkangano. Zaka zonsezi ndinkamvera zimene mayiyu akunena, osamvera mmene akunenera.

Ndinamugwira mwana paphewa n'kumuuza kuti, "Ankhazi akowo, mlongo wawo wa adada ako. Tamvera. Adada ako ankayankhula choncho."

Sindinamukhululukire mlamu wanga, ndipo iye sanapemphe. Amandidabe, inenso ndimamuda. Koma Loweruka lililonse ndimapita pabenchi yake, ngakhale tomato wabwino ali kwa ena. Ndimatola mmodzi, ndimamufinya, ndimati ndi wovunda. Iye amayamba kulalata, anthu n'kumasonkhana kudzaonera mfiti ya chigayo ikunyozedwa. Ine ndimaima pomwepo, dengu lili m'manja, ndipo akafuna kusiya ndimamuputanso.