Dothi la M'munda wa Papa

Ndinaganiza zochoka ndili ndi imvi kale. Ndinali nditayendetsa malole a mbatata zaka zambiri, ntchito itatha ndinakhala pakhonde ku Bembeke, kwawo kwa mkazi wanga, pakuti ndinali mkamwini. Nyumba inali yofolera udzu. Tsiku lina mvula inadontha pamphasa, mkazi wangayo, Nabanda, anangoikapo beseni osanena kanthu. Akanandinyoza ndikanakhala. Kukhala chete kwakeko ndi kumene kunandinyamula. Nditamva kuti ku Qatar akufuna madalaivala, ndinagulitsa ngolo ndi ng'ombe zake, ndinalembetsa.

Nabanda ndi amene ankakongoletsa guwa la tchalitchi chathu. Maluwa ankadzala m'zitini zakale kuseri kwa nyumba. Pakhoma anapachika kalendala yokhala ndi chithunzi cha munda wa Papa ku Italy. Chaka chake chinatha kalekale koma sanaichotse. Tsiku lonyamuka anaiyang'ana n'kundifunsa:

"A Phiri, kumene mukupitako kwayandikana ndi ku Roma?"

"Ndikupita kuntchito, osati kutchalitchi."

"Mukadutsako mukanditengere mbewu ya maluwa."

Anaseka. Ine sindinaseke. Ndinali ndisanaphunzire kuti mawu ena munthu amadzawasenza moyo wake wonse.

Ku Doha ndinagwera m'manja mwa nkhalamba yolemera, yofa miyendo, yokhala m'nyumba zam'mwamba za ku The Pearl. Ntchito yanga inali kuyendetsa galimoto, kumunyamula kumuika pa njinga yake ya olumala, ndi kumukankha. Antchito onse ankamutcha Baba. Inenso ndinkatero, ngakhale tinkangosiyana zaka pang'ono. Chipinda changa chinali pansi, pafupi ndi magalimoto, chopanda zenera. Kunja kutentha ngati pakamwa pa uvuni wa njerwa. Mitengo ya kumeneko imamwa madzi a m'paipi, ndipo dothi lake ndi mchenga wobwera pa lole. Mvula ikagwa silinunkhira.

Malipiro ndinkatumiza pafupifupi onse. Nabanda ankanditumizira zithunzi pa foni: njerwa, kenako makoma, kenako malata. Ankalankhula zambiri, ine ndinkayankha pang'ono. Lachisanu ndinkapita ku Mansoura kukamwa tiyi ndi Yusufu, mlonda wa ku Mangochi, kuti ndimve Chichewa chotuluka m'kamwa mwa munthu. Masiku ena onse ndinkalankhula ndi chiwongolero.

Kenako kunabwera korona. Ndege zinaima. Baba anatseka nyumba, wantchito aliyense osatuluka. Mwana wanga Velonika anaimba: "Ababa, amayi akubanika." Posapita masiku anaimbanso, osalankhula, kumangolira. Nabanda anamuika anthu a zaumoyo ovala zoyera mpaka kumaso, mothamanga, abale ataima patali. Zonsezo ndinazionera pa foni nditakhala pa tayala. Kwathu mwamuna amatapa dothi ndi dzanja lake n'kuponya m'manda a mkazi wake. Ndiko kutsanzikana. Pa Nabanda sanaponye aliyense, anangokwirira ndi mafosholo. Kanemayo atatha belu la Baba linalira, ndinapita kukamunyamula.

Nthawi yomweyo malamulo a ntchito anasintha. Munthu ankatha kusiya bwana wake osapempha kalata, ankathanso kutuluka m'dziko osagwada kwa wina. Zitseko zitatseguka Yusufu anasintha ntchito msanga. Anandipeza ku Mansoura n'kunena:

"Madala, ma exit permit, zilolezo zotulukira zija, anatha, khalas, basi. Pitani mukalire maliro."

"Maliro anatha. Ndikapita chimanjamanja ndikaikapo chiyani?"

"Maso anu. Si okwanira?"

Sindinapite. Ndinakhala. Ndinatumiza ndalama kwa alamu anga a Damiano, mlongo wake wa Nabanda, amene ndi mwini mbumba. Ndinawauza kuti amange chiliza chimene m'mudzimo sichinaonekepo. Ndinkafuna anthu adziwe kuti mayiyo anali ndi mwamuna.

Maiko atatsegula malire, mwana wamkazi wa Baba, amene tinkamutcha Madamu, anatenga bambo ake kukaonana ndi madokotala ku Roma. Baba ankakana kunyamulidwa ndi munthu wina, ndiye ananditenga. Ndinaona chipatala ndi hotelo basi. Tsiku lina Madamu anati nkhalamba ikufunika mphepo, analipira ulendo wa tsiku limodzi kunja kwa mzinda. Sanandiuze kumene tikupita. Wantchito sauzidwa.

Basi inakwera phiri mpaka pa tauni yaing'ono yoyang'ana nyanja yozungulira, yokhala pansi m'dzenje ngati madzi m'mtondo. Wotitsogolera anali mayi wamfupi wonyamula kambendera. Anatipatsa timawailesi toika m'khutu, aliyense atavala masiki. Pachipata ananena m'Chingerezi kuti malowa ndi Castel Gandolfo, kumene Apapa akhala akubwera kudzapuma nyengo yotentha kuyambira makedzana. Chingerezi changa ndi cha pulayimale ndi cha pamsewu, koma icho ndinachimva. Titalowa ndinaima. Njinga ya Baba inaima nane.

Unali munda wa pa kalendala ija.

Mitengo yaitali yowongoka ngati makandulo a pa guwa. Mipanda ya masamba yometedwa mofanana, yokhotakhota ngati nsalu yopeta, maluwa ofiira ndi oyera ali m'kati mwake. Pansi pa phiri minda ya azitona, ndi ng'ombe zikudya. Zimene Nabanda ankayesera m'zitini za dzimbiri zinali pamenepo, zodzaza phiri lonse. Koma chimene chinandigwira si maluwa. Anali atangothirira, ndipo dothi linkanunkhira ngati ku Bembeke mvula yoyamba ikagwa. Fungo limenelo ndinali nditalisowa chichokereni kwathu.

Mayi wa kambendera analankhula zambiri. Anatilowetsa m'khonde lalitali la miyala, lamdima ndi lozizira, limene anati linamangidwa ndi mfumu ya Aroma isanakhale minda ya Apapa. Anati pa nkhondo yaikulu anthu a m'midzi yozungulira anabisala m'menemo kuthawa mabomba. Mzungu wina wa kabudula anafunsa ngati tingakumane ndi Papa akuyenda.

"Ayi," anatero mayiyo. "Amene alipoyu sabwera kudzagona kuno. N'chifukwa chake inu mwaloledwa kulowa."

Anthu anaseka. Kenako anatikumbutsa malamulo: osaponda kapinga, osathyola duwa, osatenga kanthu.

Tinafika pa kadziwe ka nsomba zofiira, pamthunzi wa mitengo yakale. Kumutu kwake kunali chifanizo cha Amayi Maria. Mayiyo anati pamenepa ndi pamene Apapa ankabwera okha kudzapemphera. Anthu anajambula, ananyamuka, Madamu nawo ali pa foni. Ine ndinatsalira dala. Mbewu ya maluwa ndikanatenga, koma akanadzala ndani? Ndinamanga mabuleki a njinga, ndinagwada pansi pa mpanda, ndinakumba ndi zala. Dothi linali lakuda, lonyowa, lozizira. Ndinatapa dzanja limodzi n'kuika m'masiki yatsopano imene inali m'thumba.

"Istifan, shinu hadha?" anatero Baba. Dzina langa la Sitefano linkamukanika. Ankafunsa kuti ichi n'chiyani.

"Mkazi wanga, Baba. Sindinaponye dothi."

Ndinaganiza kuti aitana Madamu. M'malo mwake anakweza zala zitatu.

"Kwathu timaponya katatu. Kamodzi ndi ulesi. Yalla, fulumira, tapa."

Ndinatapanso kawiri. Ndikumanga zingwe za masikiyo ndinamva nsapato pa miyala. Anali mayi wa kambendera akubwerera, nkhope itakwinya. Baba anatukula bulangete, anandilanda kaphukusiko, anakaika pa miyendo yake yakufa n'kufunditsa.

"Bamboyu akutani pansipo?" anafunsa mayiyo.

"Akupemphera," anatero Baba. "Simwati pano ndi popempherera? Kapena ndi pa Apapa okha?"

Mayiyo anapepesa. Ndinadzuka, ndinapukuta mawondo, ndinakankha njinga. Ulendo wotsala sindikuukumbukira bwino. Kunali akasupe, masitepe a miyala, malo oonera patali mpaka kunyanja yaikulu. Ine maso anali pa bulangete. Moyo wanga wonse sindinabepo chinthu cha munthu, ndipo icho sindichitcha kuba. Anali malipiro a mayi amene anasesa guwa mpaka kufa.

Dothilo ndinaliyanika, ndinalithira m'botolo la mankhwala a Baba, ndinabwerera nalo ku Doha m'kati mwa nsapato. Yusufu ataliona anagwira pamimba.

"Anzanu akupita ndi mafoni ndi mawotchi, inu dothi? Ku Dedza latha?"

"Iwe uli ndi mkazi wamoyo. Imwa tiyi."

Anasiya kuseka. Anadzuka n'kukandigulira tepi yomatira chivindikiro.

Baba anamwalira chaka chotsatira. Anamuika tsiku lomwelo. Ndinaima patali pafupi ndi galimoto, ndikuona ana ake aamuna akuwerama mmodzimmodzi, aliyense katatu. Ntchito yanga inathera pomwepo. Madamu anandipatsa zanga zonse ndi tikiti.

Ku Bembeke nyumba ndinaipeza itaima, ya malata, ya mawindo agalasi, yoposa ya pa zithunzi. Pakhonde panali munthu amene ndinkangomudziwa pa foni, mwamuna wa Velonika, mkamwini watsopano. Anaimirira mwaulemu, anandilandira chikwama, ananditsogolera m'nyumba yanga kundionetsa pogona. Chinali chipinda chaching'ono, cha alendo. Khoma analipaka penti, kalendala panalibe. Kuseri zitini zinalipo, zouma, mbuzi zitadya zonse.

Kumanda munthu salowa yekha ngati kumsika, makamaka mkamwini. Ndinapempha a Damiano, iwo anakapempha kwa eni mudzi, ndipo tinapita awiri m'mawa, botolo lili m'thumba la jekete. Chiliza ndinachionera patali. Matailosi oyera onyezimira kuyambira kumutu mpaka kumiyendo, simenti yokhuthala kuzungulira ponse, mpanda wachitsulo, mtanda wa mwala. Manda ena onse anali milu ya dothi lofiira.

"Ndalama zanu izi, alamu," anatero a Damiano, chifuwa chili patsogolo. "Sitinadyeko. Onani, udzu sungamere, madzi sangalowe. Ngakhale nyerere ikafika apa imabwerera."

"Mwagwira ntchito," ndinatero.

Ndinazungulira kufunafuna mng'alu. Panalibe. Ndinalamula ndekha, ndipo anachita monga ndinalamulira.

A Damiano anapatuka kukaima kuseri kwa mtengo kuti ndilire momasuka. Ndinatsegula kachitseko ka mpanda, ndinagwada, ndinamatula tepi. Ndinathira dothi m'dzanja n'kuponya pa matailosi. Kachiwiri. Kachitatu. Linalira ngati mchenga pa mbale.

"Nabanda," ndinatero, "ndi la kumunda kuja. Ndinafikako."

Ndinatuluka, ndinatseka. A Damiano anabwera, anaona zakuda pa matailosi, anapukusa mutu. Anathyola kanthambi ka masamba, analowa, anayamba kusesa.

"Pepani alamu, ndi mphepo ya kuno. Dzulo lomweli azimayi asesa, chifukwa cha inu."

Dzanja langa linanyamuka, ndinalibweza. Munthuyo ankasesa mwaulemu, kusamala chuma cha mlamu wake. Ndikanayamba kufotokoza za Roma ndi masiki ndi nkhalamba ya ku Doha, ndikanakhala ngati wopempha chifundo pamanda a mkazi wanga. Anasesa mpaka kunja kwa simenti. Dothi la Papa linagwera pa dothi lofiira, pamene pamadutsa mapazi a anthu.

Sabata yotsatira anandisudzula monga mwa mwambo. Abale a Nabanda anasonkhana pakhonde, a Damiano analankhula bwino. Anati ndinawasungira mlongo wawo, ndine mfulu tsopano, ndikafuna kukhala ndikhale, ndikafuna kubwerera kwathu njira ndi yoyera. Munthu wamkulu amamva mawu oterowo. Velonika analira. Ndinamuuza kuti asiye, nyumbayo ndi yake, ndinamangira iye ndi mayi ake.

Lero ndimakhala kwa mlongo wanga ku Mtakataka, m'kanyumba ka udzu. Palibe anandilakwira. Zonse zinachitika mwa mwambo ndi mwaulemu. Ndikakhala pakhonde ndimakumbukira mayi wa kambendera uja: mwini wake sabwera, n'chifukwa chake ena aloledwa kulowa. Anthu anaseka tsiku lija. Kwathu sikudikira munthu. Ukatumiza malata amafolera, ukatumiza simenti amathira, ndipo malo ako amatsekeka bwinobwino ndi ndalama zako zomwe.

Botolo ndikadali nalo. Pansi pake panakakamira fumbi pang'ono lakuda. Velonika atabwera kudzandiona ndinamuonetsa, ndinamuuza nkhani yonse, iye yekha. Ndinati tsiku langa likadzafika adzaligugudire m'dzanja, adzaponye ndi dothi la konkuno, katatu. Ndipo wina akadzabwera ndi thumba la simenti, adzamubweze ali pamsewu.