Nambala ya Bala la a Yahaya

Rahila sakhulupirira munthu. Ine Benedicta ndagwira naye ntchito zaka zambiri pachipatala chathu chaching'ono kufupi ndi Benga, ine wokolopa m'mawodi, iye kalaliki, koma mpaka lero ndikamuuza kuti kunja kukugwa mvula amayamba wasuzumira pawindo. Kwawo ndi ku Malengachanzi. Bambo ake ankagula mpunga, ndiye iye anakula akuona anthu akuunyowetsa kuti ulemere pasikelo. Ndimati matenda ake okayikirawa anawatengera kumeneko.

Ntchito yake ndi yoti wodwala akamatuluka, iye amawerenga zimene adokotala alemba n'kuzisandutsa manambala a mukompyuta. Malungo ali ndi nambala yake, kulumidwa ndi ng'ona nambala yakenso. Bala limafuna manambala awiri, ya balalo ndi ya chimene chalibweretsa. Yachiwiriyi ndiyo imamuyambanitsa ndi anthu. Mayi akati anagwa panjinga, Rahila amafunsa kuti ndi njinga yanji yosiya zala zisanu patsaya.

Chaka chatha nyengo ya mphepo ya mwera anthu anabwera ndi a Yahaya, msodzi wachikulire amene amasungunulanso mtovu wolemeretsa maukonde. Dzanja lamanzere linali nyamanyama, zala ziwiri palibe. Iwo anati anatola chitsulo kutchire kumene asilikali ankachitira maphunziro awo, ndipo pochimenya ndi hamala kuti aone ngati muli mtovu, chinaphulika.

Kudooko nkhaniyo sanaikhulupirire. Masiku amenewo nsomba zakufa zinkayandama m'mbali mwa bango, ndipo anthu ankanong'onezana kuti pali wina akuzipha ndi mabomba oswera miyala. Komiti ya padooko inalanda bwato ndi maukonde a mkuluyo. Inati zidzabwerera pokhapokha pepala lachipatala litanena kuti bombalo linali la asilikali, apo ayi asadzapondenso padooko. Munthu wodyetsa banja ndi nyanja yomweyo!

Adokotala anangolemba kuti kuphulika, basi. Rahila atawafunsa kuti kuphulika kwa chiyani, anati iwo anaona bala, kutchireko kunalibe. Ndiye Rahila anandionetsa pakompyuta. Pali nambala ya bomba la kunkhondo, ina ya bomba la asilikali dziko lili pamtendere, ina ya zophulika wamba.

"Iwe, ingolemba ya asilikaliyo," ndinatero. "Chaduka ndi chala chako kodi?"

"Ndilembe chimene sindinachione? Asilikali anachoka kalekale. Chitsulocho chinali kuti nthawi yonseyi?"

Anandikwiyitsa, sindikunama. Koma ndinamutsatira kuwodi ndi mopu wanga kuti ndimve ndekha.

"Bambo, chitsulocho chinali chooneka bwanji?"

"Ngati chinangwa chachikulu, mwana wanga, cha zipsepse kumchira."

"Munachitola liti?"

"Mvula ija isanayambe."

"Nanga munkachisunga pati?"

A Yahaya anayamba kukonza bulangete losakwinyika n'komwe. Analumbira kuti Wallahi sanaphepo nsomba ndi bomba chibadwire, koma funsolo sanaliyankhe. Titatuluka Rahila anandinong'oneza kuti mkuluyu akubisa kanthu. Nanenso mtima unayamba kugwedezeka, ngakhale sindinafune kumuvomera.

Loweruka anandikoka kuti ndimuperekeze kumudzi kwawo. Tinapeza akazi awo, mayi Tatu, akuanika chinangwa pathandala. Nyumba yake yabwino, ya njerwa zootcha, ya malata. Mayiwo anati anaimanga pang'onopang'ono ndi usipa, mpaka misana inapindika. Rahila anapereka salamu mwaulemu, koma maso ali kwina. Anasuzumira m'khitchini, kuseri kwa bafa, ngakhale m'khola la abakha. Ine manyazi! Palibe chimene anapeza.

Tikuti titsanzike, mwera unakuntha, malata n'kuchita phokoso. Rahila anakweza maso. Padenga, pakati pa miyala ndi matayala akale opanikizira malata, panali zitsulo zitatu zadzimbiri, za zipsepse kumchira.

"Amayi, izo n'chiyani?"

"Zopanikizira malata, mwana wanga. Miyala imagubuduka, koma izi zikakhala zakhala. Bambowo anati tisamanene, boma lingati taba katundu wake."

Mayo ine! Pansi pake penipeni ndi pamene panali chipinda chogona adzukulu awo. Rahila anatulutsa foni msangamsanga.

Mayi Tatu anamugwira chitenje. "Musaitane boma, chonde. Tizitsitsa tokha, tikaziponye m'nyanja."

"Munthu asakwere pamenepo!" anakuwa Rahila, mpaka abakha anabalalika. Anaimbira apolisi, apolisi n'kuitana asilikali.

Asilikali anafika mawa lake. Mmodzi anakwera makwerero, anayang'ana osakhudza, n'kutsika nkhope itagwa. Anati dzimbiri ladya kwambiri, zitsulozo sizinyamulika, ziphulitsidwa pomwepo. Anatulutsa mabedi, matumba a mpunga ndi makina osokera, anthu onse n'kuwasamutsira kubwalo la mpira. Ine ndinali pomwepo nditagwira mayi Tatu paphewa. Kutamveka phu! nthaka inagwedezeka, mayiwo anangokhala pansi osalira. Titabwerera tinapeza khoma limodzi lokha lili chiimire.

Lolemba Rahila analemba nambala ija, ya bomba la asilikali dziko lili pamtendere, adokotala n'kusainira. Akomiti atamva anatumiza uthenga kuti bwato ndi maukonde zibwerera, ndipo amene ankanong'ona aja anayamba kunena kuti iwo ankadziwa kale kuti a Yahaya ndi munthu wa kumzikiti. Anthu inu, Mulungu akukuonani.

Ena amati Rahila anapulumutsa miyoyo, ndipo n'zoona. Ndinamuuza zomwezo pamene tinkapita kuwodi kukapereka pepalalo. A Yahaya anali atamva kale za nyumba. Analandira pepalalo ndi dzanja labwinolo, n'kuliyang'ana nthawi yaitali ngakhale Chingerezi sawerenga.

"Likuti sindine wabodza, eti?"

"Inde, bambo."

"Alhamdulillah. Zikomo, mwana wanga." Analipinda bwinobwino. "Nanga likuti ndikatuluka muno ndikagone kuti?"

Rahila, amene sasowa funso lofunsa munthu, anaima pambali pa bedi atagwira pakamwa. Ine misozi inandilengeza, ndinatuluka n'kusiya ndowa yanga pakati pa wodi.