Apongozi Atsekeredwa Panja

Bambo wina wometa tsitsi anali katswiri pa gemu ya pafoni yothawa mitembo yoyenda. Makasitomala akasowa, ankaphunzitsa kamwana kake: "Ukamva kubuula panja, tseka chitseko. Wolumidwa nayenso amasanduka mtembo, usamumvere chisoni."

Tsiku lina masana, mkazi wake ali kumsika, bamboyo anabwerera kunyumba n'kupeza apongozi ake ali pakhonde, atanyoweratu ndi mvula, akusisita bondo lotupa.

"Ndabuula pano mpaka mawu kutha," anatero mayiwo. "Mdzukulu wanga akuti ndine mtembo. Akuti mwamuphunzitsa ndinu."

Bamboyo ananjuta, maso ali pansi. "Pepani amayi. Iwe, tatsegula msanga!"

Pawindo panasuzumira kamutu.

"Ayi adadi, mwayandikira kwambiri. Mwina agogo akulumani kale."